Sutikesi ya Munthu Wamoyo

Leah anatsika matola pa Migowi mu Januwale, mvula ili pachimake, ndipo katundu wake yense anali sutikesi imodzi yabuluu. Sinali ya nsalu ngati zimene tinazolowera kuno, zomwe zipi ikafa timangozikulunga ndi mphira wa njinga. Iyo inali ya chigoba cholimba, ya timatayala pansi, ndipo pakamwa pake panali loko wa manambala atatu. Wakabaza amene anaibweretsa kumudzi kwathu, m'munsi mwa Michesi muno, anadandaula njira yonse kuti ikuterereka pa kaliyala.

Ine ndine Belita. Amake a Leah, a Eneless, ndi achemwali anga a kwa mayi aakulu, ndipo nyumba zathu zinayang'anizana moti wina akatsokomola mnzake amamva. A Eneless anali munthu wa mtima wabwino, zimenezo sindingawamane. Mlendo sankachoka pakhomo pawo m'mimba muli pululu, ngakhale chaka cha njala ankapeza kalongonda kapena makaka oti amuphikire. Koma pakamwa pawo panali lumo. Anali mtsogoleri wa amayi kutchalitchi, ndipo utsogoleriwo sankausiya pakhomo la tchalitchi, ankapita nawo kudimba, kuchigayo ndi kumaliro komwe.

Chaka chimenecho, cha 2005, mabokosi a maliro ochokera m'tauni ankafika m'midzi muno pafupipafupi. Matendawo sitinkawatchula dzina, tinkangoti matendawa. Tinkamva pa wailesi kuti kwabwera mankhwala otalikitsa moyo, koma amene ankamwa ankabisa ngati nyanga. Leah atangofika kumene kunagwa maliro a mnyamata wina wa kutsidya kwa mtsinje, ndipo amayi tili kumaphikiro a Eneless anayamba zawo zija. Anati choipa chitsata mwini. Anati ana a masiku ano akumagula okha imfa ndi manja awo, kenako n'kudzatulira makolo osalakwa.

“Wanga atabwera nazo zimenezo, ndingamuuze kuti abwerere komwe anakazitola,” anatero a Eneless, akuvundula ndiwo mumphika.

Leah anali pomwepo, akutsuka mbale. Anangoweramitsa mutu n'kupitiriza kutsuka mbale imodzimodziyo kwa nthawi yaitali.

Anali mwana mmodzi yekhayo amene anawatsalira a Eneless. Anagwira ntchito zaka zambiri m'sitolo ya nsalu ku Limbe, ndipo sitoloyo itatsekedwa ndi pamene anabwerera. Anabwera wathupi lake, masaya ali see, moti tinkamuseka kuti mpunga wa m'tauni umaposa wathu wa ku Chilwa. Sankadzimva utauni. Ankadzuka nafe kukaokera mpunga kudambo, matope mpaka m'maondo, akuseka misundu ikamuluma. Chimodzi chokha ndicho tinkamunena nacho. M'mawa uliwonse, ndiponso dzuwa likapendeka, ankalowa kuchipinda n'kukhoma chitseko, ndiye tinkamva loko uja akuti khethe. Pakapita kanthawi ankatuluka akupukuta pakamwa. Ine ndinkamuseka kuti m'sutikesimo wabisamo mwamuna. Amake ankati ndi masiwiti a m'tauni akuwamana anzake. Iye ankangomwetulira. Kumapeto kwa Febuluwale anapita ku Blantyre tsiku limodzi, akuti kukaona anzake, n'kubwerako tsiku lomwelo ndi kajumbo kakang'ono kamene kanapita kukagona m'sutikesi momwemo.

Malungo anamugwira mu Malichi, ndipo anali aakulu aja okwera kumutu. Anakomoka ali pakhonde akusankha nandolo. Malume ake, a Kaliati, amene ndi eni mbumba athu, anamuthamangitsira kuchipatala pa machira a njinga, ndipo kumeneko anagona masiku angapo osadziwa kanthu. Anatuluka wamoyo, koma si yense amene anabwerako. Dzanja lamanja linkanjenjemera, mawu ankatuluka mochedwa, ndipo zinthu zina zinafufutika m'mutu mwake. Dzina la sitolo imene ankagwirako ntchito sankalikumbuka. Nambala ya sutikesi nayo inapita.

Ndinalipo tsiku limene anazindikira zimenezi. Atangomutsitsa pa njinga anakwawira kuchipinda, n'kugwada patsogolo pa sutikesi ija. Anazunguza timagudumu ta manambala, n'kudina, koma loko anakana. Anayesanso, anayesanso, mpaka thukuta kuyenderera. Kenaka anakhala pansi n'kuyamba kulira ngati kamwana, ndipo ife tinaganiza kuti ndi malungo aja sanathe bwino m'mutu.

Mawa lake ndinakaitana a Chiukepo, aphunzitsi a pasukulu yathu ya pulayimale. Iwowa kwawo ndi ku Rumphi, ndipo popeza ulendo wa kwawo ndi wautali, ndi okhawo m'dera lino amene anali ndi sutikesi ya mtundu umenewo. Anafika ndi Chichewa chawo chopendekera kumpoto, n'kuyamba kumufunsa Leah tsiku limene anabadwa, chaka chimene anamaliza sukulu, nambala ya nyumba imene ankakhala ku Bangwe. Zonsezo anaziyesa, koma loko sanamve. Pamenepo anatiuza kuti kusintha nambala n'kosavuta, pali kabatani m'kati kamene umadina n'kuika yatsopano, koma kabataniko umakafikira sutikesi ikatseguka. Njira imene inatsala inali yoyambira pa maziro atatu, n'kumasuntha kagudumu ka kumapeto kamodzikamodzi, kakazungulira konse n'kusuntha kapakati, mpaka loko atavomera. Anati munthu wodekha akhoza kuitsiriza ntchitoyo madzulo amodzi. Akanaichita okha, koma belu la sukulu linali litalira, ndipo anatinso si bwino mwamuna wachilendo kutsegula katundu wa mayi. Anawaonetsa a Eneless kasunthidwe kake. A Eneless sukulu sanapite nayo patali, koma manambala ankawadziwa chifukwa cha buku la nyimbo.

Tsiku loyamba a Eneless anagwira ntchitoyo ndi mtima wonse. Anakhala pamkeka, sutikesi pamiyendo, akusuntha ndi chikhadabo, akudina, akung'ung'udza m'Chilomwe kuti azungu anasowa chochita. Leah anagona pambali pawo maso ali pa zala za amake. Akanapitiriza choncho bwenzi nkhani ino palibe. Koma madzulo akuyandikira, Leah atatopa ndi kudikira, ananena mawu amene anaononga zonse.

“Amayi, ingoiphwanyani. Ndikufuna nditulutse zanga zonse nthawi isanandithere.”

A Eneless anasiya kusuntha pomwepo. Ndinaona zala zawo zikuchoka pa loko ngati zakhudza moto.

Kwa amene si wakuno ndifotokoze. Kwathu kuno katundu wa munthu saphwanyidwa kapena kutulutsidwa pabwalo mwini wake ali moyo. Zimenezo timachita maliro akatha, pamene eni mbumba amasonkhanitsa abale n'kugawa zovala za malemu. Ndipo wodwala akayamba kunena kuti mutulutse zanga, ife timamva kuti akutsazika. A Eneless zimenezi sanazimve kwa anthu, anaziona ndi maso awo. Amuna awo, malemu a Jonasi, atadwala chifuwa anaitanitsa thumba lawo n'kupereka jekete kwa mphwawo, nsapato kwa mlamu wawo, ndipo sabata sinathe tinawaika m'manda. Kuyambira pamenepo a Eneless ankakhulupirira kuti akanabisa thumba lija amuna awo akanaona mvula ina.

Choncho anaikankhira sutikesi ija kunsi kwa bedi n'kumuuza Leah kuti maso awo atopa, apitiriza mawa. Mawa linafika, iwo anati akupita kudambo kukapirikitsa mbalame mumpunga. Mkuja anati chikhadabo chathyoka. Ankanama poyera, mayi wa tchalitchi wathunthu, ndipo ankanama chifukwa chomukonda mwana wawo. Anandiuza ine kuseri kwa nkhokwe kuti malinga sutikesi ili yotseka, Leah sapita kulikonse, chifukwa munthu sanyamuka asanalongosole katundu wake.

Leah anayamba kutsika pang'onopang'ono. Masaya aja anaphwa. Kunabwera chifuwa, kenaka zilonda m'kamwa moti ngakhale phala la mpunga linkamuwawa pomeza. Tinabwerera naye kuchipatala, anatipatsa mankhwala a chifuwa, ndipo adokotala atapempha kulankhula naye payekha, iye anagwira chitenje cha amake n'kutembenukira kukhoma. Atabwerako anapempha kuti wina amuperekeze ku Blantyre. Amake anati munthu wosatha kufika kuchimbudzi yekha sangakwere matola pa msewu wa mabampu uja, ayambe wapeza mphamvu. Pamenepo anabwereranso ku nyimbo yake ya sutikesi. Ankaipempha m'mawa, ankaipempha madzulo, nthawi zomwe zija ankakonda kudzitsekera. Tikamufunsa kuti muli chiyani chimene sichingadikire, ankatiyang'ana, n'kuyang'ana amake, kenaka ankangoti muli zanga.

Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Tsiku lina amake ali kumsonkhano wa amayi, Leah anadzikoka kuchoka pamphasa, n'kutenga mpeni wosendera chinangwa. A Eneless anamupeza atagwa cham'mbali, mpeni uli m'manja, chigoba cha sutikesi chitangokandika timizere toyera. Chinali cholimba kuposa mphamvu zimene zinamutsalira. Amake sanakalipe, zomwe zinali zachilendo kwa iwo. Anamunyamula n'kumugoneka, anamupukuta kumaso, ndipo madzulo ake anaitana wakabaza wina kuti awathandize kukweza sutikesiyo pa mitanda ya denga. Inakhala pamenepo, pamwamba penipeni pa mphasa ya Leah, iye akuiona usana wonse koma osaifikira.

Nkhaniyi inawafika a Kaliati. Iwowa ndi mmisiri wa zitseko ndi mawindo, munthu wosachedwa kupsa mtima, ndipo anabwera ndi nyundo ndi tchizulo m'thumba la fetereza. Anati mwana akulira chinthu chake, mupatseni, chitsulo chokhala ngati chala cha nkhuku sichingatizunze mudzi wonse. A Eneless anaima pakhomo manja atatambasula.

“Achimwene, mwabwera ndi nyundo m'nyumba ya wodwala? Mwamaliza kale kumukhomera bokosi?”

A Kaliati anatsitsa nyundo. Palibe mwini mbumba amene angafune kuti zimveke kuti anaphwanya katundu wa mwana wa mlongo wake ali moyo, chifukwa mawa zikavuta chala chimaloza iyeyo. Anabweza nyundo m'thumba n'kunena kuti iwo asamba m'manja. A Chiukepo nawo anadzera pakhomopo kudzafunsa ngati loko anatseguka, ndipo anadzipereka kuti Loweruka akhoza kudzakhala pakhonde n'kuimaliza ntchitoyo pamaso pa aliyense. A Eneless anawathokoza mwaulemu wonse, anawapatsa nthochi, n'kuwauza kuti za pamudzi pano ndi zina, za ku Rumphi ndi zina.

Kuzizira kutayamba, chiperoni chikutsika m'phiri, Leah anali atasiya kupempha. Ankangogona chagada kuyang'ana kudenga. Amake anaona ngati apambana. Anandiuza mosangalala kuti mwana waiwala zotsazika zija, tsopano achira. Ankamuphikira matemba a ku Chilwa osinjasinja, ankamusambitsa ndi madzi ofunda, ankamuimbira nyimbo za kutchalitchi akumupesa titsitsi tomwe tinatsala. Sindinaonepo mayi akusamala mwana ngati mmene ankachitira a Eneless, ndipo ndikakumbuka zimenezi mtima umandipweteka mpaka lero.

Tsiku lomaliza kunali kamvula kowaza. Tinali awiri pambali pake, ine ndi amake. Chakumasana anatsegula maso n'kuitana amake ndi mawu omveka bwino kuposa masiku onse.

“Amayi, mukadzaitsegula, musadzandikalipire.”

“Ndikukalipire chiyani, mwana wanga? Udzaitsegula wekha ukachira.”

Leah anamwetulira pang'ono n'kutseka maso. Dzuwa lisanalowe tinayamba kulira.

Tinamuika m'manda a kwathu, pafupi ndi agogo ake aakazi. Titamaliza zometa, a Kaliati anaitanitsa abale kuti tigawe zovala monga mwa mwambo. Tinayala mikeka pansi pa mtengo wa mango, amayi mbali ino, abambo mbali iyo. A Chiukepo nawo anabwera kudzapepesa, n'kukhala chakumapeto. Anatsitsa sutikesi ija padenga ili mbuu ndi fumbi ndi mwaye, n'kuiika pakati. A Kaliati anatulutsa nyundo ndi tchizulo, ndipo ulendo uno panalibe wowaletsa.

Koma a Eneless anapempha kuti ayambe adikira. Anati mwana wawo ankaikonda sutikesiyo, si bwino kuiswa ngati chibade cha fulu. Anaikokera pamiyendo pawo n'kupukuta loko ndi nsonga ya chitenje. Manambala anali pomwe anawasiya tsiku loyamba lija, chifukwa panalibe anawakhudzanso. Anasuntha kagudumu ka kumapeto n'kudina. Anasunthanso n'kudina. Anthu anali asanayambe n'kutopa komwe, a Kaliati anali asanaike n'komwe nyundo pansi, pamene tinamva khethe uja tinkamumva m'mawa ndi madzulo.

Pamwamba panali zitenje zatsopano, zosachapa, ndi nsapato za tchalitchi zimene saizi yake inali ya a Eneless. Pansi pake panali madiresi opindidwa bwino. A Eneless ankatulutsa chimodzichimodzi n'kumapatsira a Kaliati. Atafika pansi penipeni anapeza mpango wokulungidwa mfundo, ndipo ataumasula munagubuduka mabotolo oyera a pulasitiki. Limodzi linali lotsegula kale, la theka. Enawo anali osamatula. Linagubuduka limodzi mpaka pa mapazi a a Chiukepo, mapilitsi akuchita phokoso m'kati.

A Chiukepo analitola, anawerenga pepala lomatidwapo, n'kulibweza pamkeka msanga. Panali amayi awiri kapena atatu pamkekapo amene anayang'ana pansi msanga, chifukwa mabotolo otero ankawadziwa, anali nawo kwawo m'mitsuko ndi kunsi kwa mphasa. A Eneless anayang'ana uku ndi uku, kenaka anawafunsa aphunzitsiwo mwachindunji kuti ndi mankhwala a chiyani. A Chiukepo anayesa kuzemba, anati ndi bwino akambirane kuseri. A Eneless anati anene pomwepo, iwo si mwana.

“Ndi otalikitsa moyo aja, mayi. Amamwa m'mawa ndi madzulo, osadumphitsa.”

A Eneless anatenga botolo la theka lija n'kuligwira ndi manja awiri. Ndinaona milomo yawo ikuyenda, ndipo ndinadziwa kuti akubwerera m'mbuyo, kuchitseko chokhomedwa chija, ku ulendo wa ku Blantyre, kumpeni wosendera chinangwa, mpaka kumaphikiro a maliro aja kumene iwo ankavundula ndiwo mwana wawo akutsuka mbale. Atafika kumeneko anatseka maso.

“Akanamwa akanakhala?” anafunsa, osayang'ana munthu.

A Kaliati anazemberetsa nyundo yawo kumbuyo. A Chiukepo, pofuna kuchotsa anthu pa nkhaniyo, anayamba kunena kuti popeza sutikesi yatseguka, akhoza kuwaonetsa kabatani kaja kuti aike nambala yatsopano yosavuta kukumbuka. Mawu awo anathera panjira. A Eneless anapukusa mutu n'kuwauza a Kaliati kuti tsopano ndiye agwiritse ntchito tchizulo chawo, achotse lokoyo yense. A Kaliati anagwada n'kumugumula, ndipo sizinawatengere nthawi.

Zovala tinagawana, aliyense ananyamula chake mwakachetechete. Nsapato zija a Eneless sanazivalepo. Utsogoleri wa amayi anautula Lamulungu lotsatira, ndipo kumaliro masiku ano amakhala kumbuyo, amasenda anyezi osayankhula. Mabotolo osamatula aja anawapereka kwa a Chiukepo kuti akawabweze kuchipatala, akathandize mwana wa wina. La theka lija anakana nalo.

Sutikesi ili m'chipinda momwemo, pansi, pamene panali mphasa ya Leah, ndi chibowo pamene panali loko. Nyumba zathu zinayang'anizana, monga ndinanena, ndipo zipupa zake ndi zopyapyala. M'mawa ndikamakoleza moto, ndiponso dzuwa likapendeka, ndimamva a Eneless akulowa kuchipindako, chivundikiro chikutseguka, kenaka mapilitsi akugubuduka m'botolo. Chitseko satseka.